Timapazi Tiwiri pa Chithunzi cha ku Joni

"Kumene ukupitako usamafunse. Wofunsa amaonetsa pamene pali bala lake, ndipo ntchentche sizichedwa."

Anandiuza zimenezi ndi mayi wina wonenepa amene ankatiperekeza pa basi, tili pa mzere pa chipata cha Mwanza. Dzina lake sindilidziwa, poti sindinafunse. Mawu akewo ndinawamanga pa nsonga ya chitenje, ndipo anandisunga zaka khumi ndi ziwiri ku Joni. Anandipulumutsa kwa apolisi, kwa amuna a pakamwa pozuna, ndi kwa Amalawi anzanga amene amakusekerera m'mawa n'kukakuneneza masana. Chimene mayi uja sanandiuze n'chakuti mawu otere umawasiya pa chipata pobwerera. Ine ndinalowa nawo mpaka m'nyumba.

Ndimakhala ku Chinamwali, kumtunda kumene msewu umathera m'miyala. Anthu akuno amati ndine wovuta. Akunena zoona. Chakudya cha eni sindidya, makiyi ndimavala m'khosi, ndipo munthu akagogoda ndimayamba ndamuona pa kabowo ka pa zenera. Sindikulemba kuti mundikonde ayi. Ndikulemba chifukwa cha chithunzi chimodzi chimene chinandilanda mwana, ine osadziwa.

Ndinanyamuka mwamuna wanga atamwalira. Ankacheka matabwa ku phiri, mtengo wa paini unamugwera. Anandisiyira mwana mmodzi, Enelesi, wa zaka zisanu ndi chimodzi, mano a kutsogolo atangoguluka kumene. Ndinamusiya kwa achemwali anga a Felesiya, amene analibe mwana wawowawo. Tsiku lonyamuka ndinamunamiza kuti ndikupita ku Limbe kukamugulira nsapato.

"Zikhale zofiira," anatero, akuyankhula ndi lilime pa usinini.

Joni amene ndinamudziwa ine ndi wa kuseri. Nyumba ndinkalowera khomo la ku khitchini. Msewu uliwonse ndinkaudziwa ndi agalu ake. Kachipinda kanga kanali kumbuyo kwa garaja, bedi, mbaula ndi msomali wopachikapo yunifomu, basi. Nyumba zazitali za m'kati mwa mzinda ndinkaziona patali, monga mmene munthu wa ku Jali amaonera phiri la Zomba. Adona anga anali nkhalamba yogontha, yokhala yokha ndi amphaka awiri. Sanali oipa, koma ndinkawayang'anitsitsabe.

Tsiku lina ndikuyanika zovala, mphaka anakwera pa dengu. Ndinakuwa kuti, "Choka apa, chinyama iwe!" Kuseri kwa mpanda wa maluwa kunamveka mawu a mzimayi.

"Chemwali! Kwanu n'kuti?"

Sindinayankhe. Mawa lake anafunsanso, ndinakhala chete. Tsiku lachitatu anaponya kathumba ka usipa wouma pamwamba pa mpanda, kanagwera pa mapazi anga.

"Ngati si inu Mmalawi, mupatseni mphakayo," anatero.

Ameneyo anali Abiti Saidi, wa ku Songani, wantchito wa nyumba yoyandikana nafe. M'moyo wanga wonse ndi munthu yekhayo amene ndinamupatsapo kiyi wa chipinda changa. Anali ndi pakati pa munthu wina woyendetsa lole amene anamulonjeza ukwati wa ku mzikiti kenako n'kuzimiririka. Kwawo sankadziwa. Mwana atabadwa, wamwamuna, anamutcha Yusufu, ndipo adona ake ananeneratu kuti pakhomo pawo safuna kumva kulira kwa khanda. Asankhe, mwana kapena ntchito.

Tinaboola mpanda pansi, pamene panali poyangayanga. M'mawa uliwonse Abiti ankapititsa mwanayo pa bowolo ngati dzungu lakuba, ine n'kumulandira, n'kumubereka. Ndinkasita naye, kukolopa naye, kuphika naye. Masana Abiti ankabwera pa mpanda ngati akutaya zinyalala, n'kugwada pansi kumuyamwitsa. Kulira kwake adona anga sankakumva. Kuona ankaona, poti tsiku lina anangondipatsira kachipewa ka ubweya koluka okha, osanena kanthu. Mpaka lero sindidziwa chimene ankafuna.

Amayi anzanga mukudziwa mmene msana umazolowerera. Mwana wa kumbuyo umamuiwala monga umaiwalira mpango wa kumutu. Umawerama naye, umathamanga naye, umangokumbuka akayetsemula. Miyezi isanu ndi inayi Yusufu anakhala pa msana panga, mpaka ndikamutsitsa madzulo ndinkayenda mopepera ngati ndasiya chiwalo.

Lachinayi linali tsiku lathu lopuma. Lachinayi lina Abiti anati tikajambulitse, titumize kwathu, anthu aone kuti tili moyo. Kuseri kwa siteshoni ya sitima kunali kasitudiyo ka malata ka bambo wina wa ku Mozambiki, wa kuseri kwa phiri la Mulanje, woyankhula Chinyanja chathu chomwechi. Antchito onse a m'nyumba ankajambulitsa kumeneko. Ankabwereketsa chipewa, kachikwama ka m'manja ndi nsapato za gogoda. Koma chimene chinkakoka anthu ndi chinsalu chachikulu chimene anapenta yekha n'kuchipachika pa khoma. Pa chinsalupo panali Joni amene sitinamuonepo: msewu woyera mbee wopanda munthu, nyumba zosanjikizana mpaka m'mitambo, galimoto yofiira, ndi ndege ikudutsa pamwamba. Panalibe mpanda, panalibe galu, panalibe wapolisi.

"Bambo, mzinda umenewu uli mbali iti?" anafunsa Abiti. "Tikafuneko ganyu."

"Uli mu envulopu, mayi," anayankha akupukuta kamera. "Umaoneka pokhapokha ukafika kwanu."

Anayamba ndi Abiti. Anaima yekha, manja ali m'chiuno, poti kwawo sankayenera kudziwa za mwana. Yusufu anali kwa ine monga mwa masiku onse, ali m'tulo. Itafika nthawi yanga, mzere unali utatalika mpaka panja, anthu akudandaula za sitima. Bambo uja anandiveka chipewa, anandipatsa kachikwama, nati ndiyang'ane pa chala chake. Abiti anaima pambali atanyamula nsapato zanga zakutha, akundiseka kuti ndaima ngati ndameza mpini. Palibe amene anaganiza zotsitsa mwana. Ine sindinakumbuke n'komwe kuti alipo.

Chithunzi chinatuluka sabata yotsatira. Ndinayang'ana nkhope yanga, ndinayang'ana chipewa, ndinakondwa. Kalata sindinalembe, chifukwa amene ankanyamula katundu wathu ankatsegula makalata n'kumawerengerana pa njira. Kumbuyo kwa chithunzicho ndinangolemba kuti, "Enelesi, ndili bwino. Ndine amako." Ndinachiika m'kati mwa nsapato zofiira.

Abiti sanakhalitse. Anayamba chifuwa chosatha, adona ake anamuchotsa. Anakwera lole ya katundu ndi mwana wake kubwerera kwawo. Ndinamubereketsa ndine, ndinamanga mfundo ya chitenje pa chifuwa pake, poti manja ake analibe mphamvu. Patapita miyezi ndinamva kuti anatsirizikira pa njira, atangodutsa Tete, ndipo mwanayo anatengedwa ndi abale a ku Namwera. Amene anandiuza anali ndi zambiri zoti anene. Sindinafunse. Ndinatseka bowo la pa mpanda ndi lata, ndipo kuyambira pamenepo sindinayankhenso munthu wofunsa kuti kwathu n'kuti.

Zaka zotsalazo zili ngati tsiku limodzi lalitali la kusita. Adona anamwalira, ndinapita kwa ena, kenako kwa ena. Ndinkatumiza mabulangete, sopo, yunifomu ya sukulu, malata a nyumba ino. Matelefoni atafika, ndinkaimba kwa munthu wina wa golosale kuno ku Chinamwali kuti akamuitane Enelesi. A Felesiya ndiwo ankabwera. Mwanayo akamugwiritsa foni mokakamiza ankangoti, "Ndili bwino," n'kuibweza. Ndinkati ndi manyazi a chitsikana.

Nditabwerera ndinamupeza ali mayi wa pakhomo pake, ali ndi pakati. Anabwera ku depoti ndi a Felesiya. Ndinatsika minibasi manja ali m'mwamba, koma iye sanandiyang'ane ine. Ankayang'ana pa khomo la minibasi, kumbuyo kwanga, mpaka munthu womaliza anatsika. Kenako anagwada monga amagwadira mlendo.

"Mwabwera nokha?"

"Ndekha, mwanawe. Ndikanabwera ndi ndani?"

Anayang'anana ndi a Felesiya. Nkhope yake inatsekeka pomwepo ngati chitseko, ndipo sinatsegukenso. A Felesiya ankawatcha amayi. Ine ankanditcha "a ku Joni". Ndinaona zonsezi, poti maso ndili nawo akuthwa, koma ndinaganiza zanga. Ndinati achemwali anga amudyetsa mankhwala. Ndinati akufuna katundu wanga. Ndinagula maloko. Kukhala pansi n'kunena kuti, "Mwana wanga, ndinakulakwira chiyani?" ndinkaona ngati kuvula pa msika. A Felesiya anamwalira tisanakambirane. Enelesi amakhala ku Matawale, amagulitsa kaunjika mu msika wa m'tauni. Zaka zonsezi takhala tikukumana pa maliro pokha, kupatsana moni wa m'manja.

Chaka chino, mvula itangotha, wina anagogoda. Pa kabowo ndinaona mtsikana wa thalauzi yothimbirira penti. Anali Tamanda, mwana wa Enelesi, uja anali m'mimba tsiku la ku depoti. Amaphunzira zojambula ku koleji ya m'tauni muno.

"Wakutuma ndani?"

"Palibe, anganga. Tsegulani, dzuwa likundiotcha."

"Amako akudziwa kuti uli kuno?"

"Akanadziwa bwenzi atandithyola miyendo."

Ndinamutsegulira chifukwa cha yankho limenelo. Anafotokoza kuti iye ndi anzake apatsidwa khoma lalitali la sitolo ina yakale pafupi ndi msika, kuti apentepo Zomba monga amamukumbukira anthu ake. Wina akupenta atelala a pa khonde, wina azimayi otsika ku phiri ndi mitolo ya nkhuni. Iye anasankha anthu amene anachoka, a ku Joni, a ku migodi, poti tauni ino inamangidwanso ndi anthu amene kunalibe. Ndinati mawu okoma chonchi ali ndi mbedza. Kenako anatulutsa kanthu m'buku lake n'kukaika pa mwendo panga.

Chinali chithunzi chija. Mitundu inali itafwifwa, ndege ija itasanduka kadontho. Koma m'mbali mwa chiuno changa, uku ndi uku, pepala linali litayera ndi kufufutika, monga pamafufutikira pamene chala chimakhudza tsiku ndi tsiku. Pa malo oyerawo pankaonekabe timapazi tiwiri. Kuseri kwa phewa langa kunkasuzumira kachipewa ka ubweya.

"Ndachiba m'Baibulo la amayi," anatero Tamanda. "Anganga, amalume angawa ali kuti? Amayi amati munabereka mwana ku Joni, ndiye pobwera munamutayanso konko monga munawatayira iwo."

Ndinamuuza kuti abwereze. Anabwereza, n'kuwonjeza zimene amayi ake anamuuza kamodzi kokha: kuti chithunzicho chitafika chinayenda nyumba ndi nyumba m'Chinamwali muno, azimayi akuwerenga miyezi pa zala. Kuti a Felesiya anamukhazika Enelesi pa miyendo n'kumuloza timapazito. "Ona, amako apeza wina. Usalire, iwe ndiwe wanga tsopano." Kaya ananena mokhulupirira, kaya mwadala, sindidziwa. Manda safunsidwa. Nsapato zofiira zija, akuti, mwanayo anakaziponya mu mtsinje wa Likangala.

Ndinamufotokozera Tamanda zonse, za mpanda, za usipa, za lole. Anamvetsera kukamwa kuli yasa. Nditamaliza anati apita pompano akawauze amayi ake.

"Akakukhulupirira? Mawu a ine? Akati nkhalamba yaona manda ayandikira, yapeka nthano."

"Ndiye ndipente popanda mwanayo? Ndikhoza kumuchotsa, anganga. Penti savuta."

Ndinayang'ananso chithunzicho.

"Usamuchotse. Anali pomwepo. Koma kamera ija inadula munthu. Apa, pamene pathera pepalapa, panaima mayi wake atanyamula nsapato zanga. Kodi burashi yako ingafike pamene kamera sinafike?"

Ndi mmene ndinayambira kutsikira m'tauni masiku onse, ine amene ndinkatha mwezi osadutsa pa mjigo. Ndinkakhala pa chidebe cha penti, msana ku khoma kuti ndizimuona aliyense wodutsa. Chithunzi cha Abiti panalibe. Chake chija chinapita ku Songani kalekale. Panali mutu wanga wokha, ndipo ndinapeza kuti mutu ndi nkhokwe yodontha. Ndinkakumbuka mpata wa pa mano ake, chipini cha pa mphuno, khosi lalitali. Maso anandithawa. Tamanda ankajambula ndi pensulo, ine n'kumakana.

"Uyu ndi wonenepa. Abiti ankadya chiyani kuti anenepe chonchi?"

"Dzulo munati ndamuwondetsa kwambiri."

"Dzulo unajambula mtembo."

"Anganga, inu mukanakhala aphunzitsi athu bwenzi tonse titasiya sukulu."

Potsiriza anandigwira dzanja kulowa nane mu msika, ku mzere wa azimayi ogulitsa nsomba zouma. Tinayenda pang'onopang'ono ngati ogula. Kwa mayi wina ndinabwereka nsidze, kwa wina kapendekedwe ka mutu poseka. Maso tinawapeza kwa mtsikana wogulitsa matemba amene anatikalipira kuti tikumuyang'anitsitsa ngati afiti. Mzere wa kaunjika tinkaulambalala.

Tinakangananso pa za mzinda. Tamanda ankafuna nyumba zazitali zija zidzaze khoma lonse. Ndinati ayi, apente chinsalu monga chinsalu, chioneke mphepete mwake, chingwe chake, misomali yake, ndi malata a dzimbiri kuseri kwake. Anthu akuno akhala akuona Joni wa mu envulopu nthawi yaitali. Anamvera. Tsiku limene anamaliza nkhope ya Abiti ndinatembenuza chidebe changa koyamba, msana ku msewu. Anali atayima pamenepo, kunja kwa chinsalu, pa simenti yong'aluka, nsapato zanga zili m'manja, akundiseka. Sanali iye ndendende. Koma ndinamupatsa moni.

Enelesi anabwera Lachisanu, nthawi imene amuna amatuluka ku mzikiti, msewu uli wodzaza. Wina mu msika anali atamuuza kuti amako ali pa khoma. Anaima pakati pa anthu, chikwama cha malonda chili m'chiuno. Tamanda anatsika pa makwerero n'kukaima patali. Enelesi anayang'ana ine wa pa khoma, osati ine wa pa chidebe. Anayang'ana timapazi. Kenako maso ake anapita kumbali.

"Mayi uyu ndani?"

"Abiti Saidi, wa ku Songani. Mayi wake wa mwanayo."

Njinga zinkaliza mabelu kuti apatuke, iye osasuntha.

"Simunabereke kumeneko?"

"Ndinabereka kamodzi kokha m'moyo wanga. Pa chipatala chachikulu apo, Lachiwiri, mvula ikugwa."

Ndinamuuza mwachidule. Za adona oletsa mwana, za bowo la pa mpanda. Sanandidule. Ndinaona kuti wakhulupirira, poti milomo yake inayamba kunjenjemera monga inkachitira ali wamng'ono. Mumtima ndinati basi, zatha, mwana wanga wabwera.

"Munkamubereka tsiku lonse?"

"Tsiku lonse."

"Miyezi ingati?"

"Isanu ndi inayi."

Anagwedeza mutu pang'onopang'ono.

"Ndiye wanu kapena wa eni, msana unali womwewo. Ine sindinalipo."

Ndinkaganiza kuti pakati pathu panali bodza, kuti likachoka tionana. Bodza linachoka. Panatsala zaka khumi ndi ziwiri, ndipo zimenezo palibe burashi ingazifute.

Enelesi anapukuta nkhope ndi nsonga ya chitenje. Anayang'ana miyendo yanga yotupa, nayang'ana dzuwa. Kenako anakodola wa kabaza wina wachikulire amene anaima pa mthunzi.

"Achimwene, awa ndi amayi anga. Mukawasiye ku Chinamwali kumtunda. Pa miyala paja mutsike muzikankha, asagwe."

Anatembenuka n'kulowa mu msika. Ndinakwera njinga ya munthu wosamudziwa popanda kumufunsa kanthu, mawu aja akuti "amayi anga" akulira m'makutu mwanga njira yonse.

Papita masabata asanu ndi awiri. Enelesi sanabwere. Tamanda akuti chithunzi chija anachibweza m'Baibulo, amayi ake anaona, sananene kanthu. Tamanda naye mayeso amupanikiza, amabwera mwa apo ndi apo. Ine miyendo yakana, m'tauni sinditsikanso. Ndimakhala pa zenera kuyambira m'mawa, ndipo mzimayi aliyense wokwera mtunda uno ndi chikwama m'chiuno amandiimitsa mtima mpaka atakhota.

Inu amene mwawerenga izi, mukadutsa pa khoma lija muime pang'ono. Ngati mukudziwa mwamuna wa ku Namwera dzina lake Yusufu, amene mayi ake anafera pa njira ya ku Tete, mumuuze kuti nkhope ya mayi ake ili ku Zomba, angakhale maso ndi obwereka. Enelesi mukamuona mu msika musamunene, musamukakamize. Gulani malaya muzipita.

Koma ine mudzandizonde. Nyumba ya malata ofiira, yomaliza musanafike pa miyala, pali mtengo wa mapeyala wodulidwa mbali imodzi. Musabwere ndi chakudya, sindidzadya. Mugogode, munene dzina lanu ndi kumene mwachokera, ndipo mudikire, poti ndimachedwa kufika pa chitseko. Mukaona kuti dzuwa lakwera koma zenera silinatseguke, musadikire kuti ndiyankhe. Pitani mu msika, mzere wa kaunjika, mukamuuze mwana wanga.